Duwa la ku Texas m'kalasi mwathu

Bluebonnet ndi duwa labuluu lomera lokha m'mbali mwa misewu ku Texas, ndipo boma la kumeneko lidalisankha kukhala duwa lake mu 1901. Ndi m'bale wa nyemba: mizu yake ili ndi timatuza topatsa nthaka nayitrojeni. N'chifukwa chake ndidapempha njere kwa mnzanga wophunzira ku America, kuti ana anga a Fomu 3 adzionere okha.

Njerezo n'zolimba ngati mwala, choncho tidazipala pang'ono ndi sandipepala tisanafese m'zitini. Zidamera ndithu. Koma kuno ku Nkhata Bay mpweya ndi wachinyezi. M'chipinda mosapita mphepo dothi silichedwa kuchita nkhungu, kambewu n'kuola patsinde. M'mawa timangopeza kagona.

Zidapulumuka n'za m'zitini zomwe tidaboola pansi, kuthiramo mchenga wambiri, n'kuika pawindo. Nazonso zikutalika monyozoloka, kusakasaka kuwala. Kwawo zimaothera dzuwa tsiku lonse, ndipo zimayamba zapirira chisanu zisanachite maluwa mu Malichi.

Ana akuti tizitulutse panja Juni akafika. Ndavomera, bola timange kampanda, chifukwa mbewuyi ndi yapoizoni ndipo mbuzi za pasukulu pano sizisankha.