Sarah Bernhardt, Mkazi wa Liwu la Golide

Kanema asanabwere, anthu a ku Ulaya akafuna kuona sewero ankasonkhana m'nyumba zazikulu za masewero, m'mene ochita sewero ankaimirira pa nsanja ndi kulankhula pamaso pa khamu. Mwa akazi onse amene ankagwira ntchito imeneyi panalibe womveka koposa Sarah Bernhardt, amene anabadwira mu mzinda wa Paris, m'dziko la France, m'chaka cha 1844, nayamba ntchitoyo m'chaka cha 1862.

Chuma chake chenicheni chinali liwu. Linali lokoma kotero kuti mlembi wotchuka, Victor Hugo, analiyerekeza ndi golide. M'chaka cha 1880 Sarah anaoloka nyanja kunka ku America. Iye ankalankhula Chifalansa, chimene ambiri kumeneko sankachimva, komabe anthu ankadzaza nyumba kuti angomva kutsetsereka kwa liwulo.

Atakalamba kunabuka chinthu chachilendo, ndicho zithunzi zoyenda zimene lero zitchedwa kanema. Kanema wa masiku amenewo sankalankhula. Oonera ankangoona milomo ikugwedera, ndipo mawu owerengeka ankalembedwa pakati pa zithunzi kuti anthu awerenge okha. Ambiri omveka pa nsanja ankanyoza kanemayo, namuyesa choseweretsa chabe. Sarah ndiye anali ndi chifukwa chachikulu chomukanira, pakuti makinawo ankamulanda chinthu chomwe chinamutchukitsa. Koma iye anavomera, ndipo m'chaka cha 1912 anasewera ngati Mfumukazi Elizabeth ya ku England. Kanemayo ataonetsedwa ku New York anapindulitsa kwambiri Adolph Zukor, amene kampani yake inakula nikhala Paramount.

Kunena zoona, pa kanema Sarah saoneka wopambana monga mbiri yake imvekera. Iye anazolowera kutambasula manja ndi kudzigwetsa pansi mwamphamvu kuti wokhala kumbuyo kwenikweni kwa nyumba aone, ndipo pa chithunzi zimenezi zioneka zopitirira muyeso. Komabe popanda zithunzizo mibadwo ya m'tsogolo sikadaona mayendedwe ake konse.

Chiyeso choposa chinadza m'chaka cha 1915. Bondo lake lamanja, limene linavulala kale pa nsanja, linam'pweteka zaka zambiri, mpaka madotolo a ku Bordeaux anadula mwendo wonse. Pamenepo n'kuti ali ndi zaka 70. Anthu anayesa kuti ntchito yathera pomwepo, koma akulu anati wakwata kwa mphezi saopa kung'anima. Sarah anasankha masewero amene akanatha kuchita ali chikhalire, ndipo amuna ankamunyamula pa mpando, monga pa machila, kunka naye pa nsanja. Popeza inali nyengo ya Nkhondo Yaikulu Yoyamba, anam'nyamula chomwecho kufikira pafupi ndi kumene kunkalira mfuti, nakasangalatsa asilikali a kwawo. M'chaka cha 1916 anabwereranso ku America ndi mwendo umodzi womwewo.

M'chaka cha 1923 mphamvu zitam'thera, ojambula anabwera ndi makina awo m'nyumba mwake momwe kuti apange kanema wina. Iye anamwalira pa 26 March kanemayo asanathe, ndipo khamu lalikulu linaperekeza maliro ake m'misewu ya Paris. Kanema wolankhula anayamba kufala m'chaka cha 1927, patapita zaka zinayi zokha. Chifukwa chake liwu lake linasungika palokha pa mbale za galamafoni, ndi nkhope yake payokha pa zithunzi zosalankhula.

Kanema anam'bisira liwu, nthenda inam'landa mwendo, ukalamba unam'chotsa mphamvu. Nthawi zitatu zonsezi Sarah sanakhale pansi kulira chimene chatayika, koma anayang'ana chimene chatsala nagwira nacho ntchito. Mlimi wanzeru achitanso chimodzimodzi: khasu likaguluka mpini, asema wina nabwerera kumunda dzuwa lisanakwere.