Mluzu wa Otis Redding

Bambo anga anabwerako ku migodi ya ku Joni ine ndisanabadwe, atanyamula sutikesi, jekete ndi mbale ziŵiri za galamafoni za Otis Redding. Chingerezi chawo chinali cha pantchito chabe, komabe mbalezo zikamalira iwo ankangoti zyoli, osafuna kuyankhulitsidwa. Tsiku lina ndili mwana ndinaŵafunsa chimene woimbayo ankanena. Anandiyankha kuti, "Mwanawe, kodi pamaliro umafunsa kuti wolirayo akuti chiyani?"

Redding anabadwa mu 1941 ku Dawson, m'boma la Georgia, ndipo anakulira ku Macon kumene anayamba kuimba m'kwaya ya mpingo wa Baptist. Mu 1962 anajambula "These Arms of Mine" ku Stax, mumzinda wa Memphis, ndipo dzina lake linayamba kumveka. Ndiye anapeka "Respect" mu 1965, nyimbo imene Aretha Franklin anaitchukitsa mu 1967. Chaka chomwecho anaimba pa chikondwerero cha ku Monterey pamaso pa khamu limene ambiri mwa iwo anali azungu. Pa 10 Disembala 1967 ndege yake inagwera m'nyanja ya Monona ku Wisconsin, ndipo anamwalira ali ndi zaka 26.

Chimene chimandikopa ine monga wofufuza ziyankhulo ndi mmene iye ankachitira mawu akamuchepera. Oimba malipenga ankaŵaphunzitsa mbali zawo pongoziimba ndi pakamwa. Nyimbo yake ya mu 1966, "Fa-Fa-Fa-Fa-Fa (Sad Song)", yatsamira pa phatikizo limodzi. Kaŵirikaŵiri pothera nyimbo ankaphwanya chiganizo n'kumabwereza chidutswa chimodzi mpaka mpweya kumuthera. Ife a ziyankhulo za Chibantu tili ndi mivekero, monga "phwii" ndi "zii", imene siifotokoza chinthu koma imachionetsa. Sindikunena kuti kaimbidwe ka Redding kanachokera ku mivekero yathu. Ndikungoti khutu loleredwa ndi mivekero silidikira dikishonale kuti limve.

Nditatsiriza maphunziro anga a udokotala ndinaŵamasulira bambo m'Chicheŵa nyimbo ya "(Sittin' On) The Dock of the Bay", mzere ndi mzere, ndili wonyada. Ndinaŵauza kuti ikunena za munthu amene wachoka kwawo ku Georgia, wakhala padoko kutali, akungoyang'ana zombo. Anamvetsera mpaka ndinamaliza, kenaka anati, "Zimenezo ndinazidziŵa kale ku komponi. Nanga mluzu uja waumasulira bwanji?"

Nyimboyo, imene Redding anaipeka ndi Steve Cropper n'kuijambula patatsala masiku oŵerengeka kuti amwalire, imathera ndi mluzu. Ndinasoŵa choyankha. Bambo anatisiya, koma funso lawo ndimaŵafunsa ophunzira anga chaka ndi chaka tikayamba phunziro la matanthauzo a mawu. Ndimaŵaseŵerera nyimboyo, ndipo mluzu ukayamba ndimaika choko pansi.