Mizere ya pamadzi

Ntchito yanga ndi yausiginala. Ndimatsogolera alovi a chilimira padoko la Msaka, kuno kwa Nankumba, ndipo gawo langa limaposa la anzanga osati chifukwa cha mphamvu za m'manja, koma kudziwa malo. Panyanja palibe njira, palibe chitsa, koma ndikati "ponyani apa" ndiye kuti pansi pathu pali chirundu, thanthwe lobisika m'madzi pomwe utaka umasonkhana.

Chirundu sichioneka. Timachipeza ndi mizere iwiri ya m'mutu. Umapalasa maso ali kumtunda mpaka mlambe wina wa pagombe ulowe pakati penipeni pa mpata wa phiri la kumbuyo kwake. Mzere woyamba ndi umenewo, ndipo ukhoza kuyenda nawo kutali osautaya. Kenako umadikira wachiwiri, mwina nsonga ya Domwe kusuzumira kuseri kwa chilumba cha Thumbi. Pomwe iwiriyi yakumana, bwato liime. Ndimatsitsa chingwe chamwala n'kumawerenga mikwamba m'manja. Chikafupika mwadzidzidzi, tafika. Mlambe ukangochoka pampata pang'ono pokha, ukonde ukokolola madzi opanda kanthu, kapena ukola thanthwe n'kung'ambika.

Anandiphunzitsa ndi amalume. Ndikamasuzumira m'madzi ankagogoda bwato ndi nkhafi. "Mphwanga, nsomba ili kuphiri uko. Dzutsa mutu."

Koma malo paokha sadyetsa munthu, amayenera kukumana ndi nthawi yake. Chirundu chomwecho chimene chadzaza boti lero, mawa chikhoza kukhala gwa, chifukwa mweza, kukoka kwa madzi a pansi, watembenuka ndipo utaka wasamukira mbali ina ya thanthwe. Kuyambira Meyi mpaka Ogasiti mwera umalamula, ndipo tsiku lina sutilola n'komwe kuchoka padoko. Mpoto ukayamba timadziwa kuti mvula yayandikira. Usipa ndiye wa mdima: mwezi ukawala nyali zathu sizikopa kanthu, timakhala kumtunda kusoka maukonde. Usiku wotchi yanga ndi kumwamba. Nthanda ikatuluka ndimauza anyamata kuti kukoka uku n'komaliza. Masiku ano tinyali tofiira ta pansanja za netiweki tasanduka milambe yathu ya usiku, ndipo ndimatiyamika.

Pali mizere inanso pamadzi omwewa, yolembedwa ndi boma. Chikhazikitsireni paki ya Lake Malawi mu 1980, mamita 100 kuchokera pagombe la zilumba zake saloleza kuponya ukonde. Zombo zokoka makoka ndi injini siziyenera kulowa m'madzi osafika mamita 18 kuya kwake. Palibe chingwe chomwe anamanga pamenepo. Msodzi amayeza ndi diso, ndipo ine ndimaona kuti mzere wa pakiwo ndi woyenera kuulemekeza, chifukwa mbuna za m'miyala imeneyo sizipezeka kwina kulikonse padziko.

Mwana wa mlongo wanga anabwera ndi foni ya GPS. Anandionetsa kuti tili pafupi ndi madigiri 14 kummwera kwa ikweta ndi pafupifupi 35 kummawa kwa Greenwich, ku London, komwe mayiko anagwirizana mu 1884 kuti kuwerenga kuziyambira. "Amalume, nawonso ndi mizere iwiri yokumana," anatero. Ananena zoona, ndipo sindiinyoza foniyo. Mu Seputembala ndi Okutobala utsi wa moto wa m'tchire umameza mapiri onse, ndipo nthawi imeneyo nambala imatifikitsa pomwe diso lalephera. Chondidetsa nkhawa n'chakuti nambala imayenda pa WhatsApp. Chirundu chimene banja linasunga chinsinsi kuyambira kwa agogo, mawa umapeza maboti aunjikana pamenepo, utaka osapuma. Komanso nambalayo siikuuza kuti mweza ukulowera kuti.

Ndiye mwana wa mlongo wangayo ndimamuphunzitsa chonchi: foni ikhale m'jumbo mpaka apeze malo ndi maso, atsitse chingwe, kenako aitulutse kuti atsimikize. Ndimamuuzanso kuti chirundu chilichonse achisungire zizindikiro zoposa ziwiri. Mitengo ya pagombe ikutha ndi nkhuni zowambira nsomba, ndipo nyumba zogona alendo zikutseka mipata imene tinkaonera mapiri. Mtengo wina wa chizindikiro utagwa, tinapita pachirundu chake mlungu womwewo, chitsa chikadaoneka, n'kusankha mwala woyera wa paphiri kuti ulowe m'malo mwake.