Petauke Saoneka pa Zenera la Basi

Anzanga acinyamata, ambiri amene amati adziwa Petauke amangodziwa mphambano ya pa Great East Road, pamene basi ya ku Chipata imatsitsa anthu. Boma lenileni lili mkati, makilomita angapo kucokera pa mseu waukulu, ndipo silidzionetsa kwa munthu wofulumira.

Caka catha kunabwera mphunzitsi wacinyamata wocokera ku Kitwe, Mubemba. Pakutha pa sabata imodzi anali atalemba kale kalata yopempha kusamutsidwa. Anati kuno kulibe moyo. Akulu a mpingo anandipempha kuti ndiziyenda naye, popeza ndife a msinkhu umodzi.

Sindinamuonetse maofesi a boma. Ndinamudzutsa mbandakuca ndi kukaima naye pa njira yolowa mumsika. Apo ndiye Petauke amadzuka: njinga zolemedwa ndi matumba a makala, ngolo za ng'ombe zodzala cimanga ndi nshawa, azimai osenza madengu a matimati, ena akutsitsa mikoko ya nthoci za ku Nyimba. Mnzangayo anafunsa mtengo m'Cinyanja cothyokathyoka. Mai wina anamuyang'ana nati m'Cinsenga, "Muli tyani?" Iye anangoti kukamwa yasa.

Atamva kuti ndi Mubemba, mzere wonse unafa ndi phwete. "Wabwera wakudya anyani!" anatero agogo ena, akumupatsa mbewa zowamba. "Laŵa ndiwo zenizeni, mwana iwe." Ici ndi cimbuya, cibale ca nthabwala cimene cinabadwa pambuyo pa nkhondo za Angoni ndi Abemba zaka za m'ma 1800, ndipo lero cinafalikira kwa ife tonse a kum'mawa. Iye anali kucidziwa, koma sanaganize kuti cingamugulire anyezi pa mtengo wotsika.

Patapita masabata awiri kunagwa maliro pafupi ndi kwao. Anthu sanamusiye kuti akhale pampando ngati mlendo. Mbuya pamaliro ali ndi nchito: anawaza nkhuni, anayenda ndi mbale ya copereka, anapaka anthu ufa kumaso kufikira ngakhale ofedwa anamwetulira. Ine ndinangoima patali, pakuti nchito imeneyo Mnsenga sangaigwire pa maliro a kwao.

Kalata ija sanaitumize. Mu Okutobala anabwereka njinga yanga kupita ku mwambo wa Tuwimba kwa a Kalindawalo, ndipo sanafunse njira kwa ine. Anapita ndi mdzukulu wa agogo a mbewa aja.