Chilembo Chimodzi M'dzina la Yesu

M'mwezi wa Epulo chaka cha 1682, ku Pustozersk, kumpoto kwenikweni kwa Russia, wansembe wina dzina lake Avvakum adatenthedwa wamoyo pamodzi ndi anzake atatu. Adali atakhala zaka pafupifupi 15 m'ndende yokumbidwa pansi, ndipo anzakewo adali atadulidwa kale malilime. Munthu akalondola gwero la mlandu wawo amapeza zinthu zooneka ngati zachibwana: adakana kuwonjezera chilembo chimodzi m'dzina la Yesu, adakananso kudzilemba chizindikiro cha mtanda ndi zala zitatu m'malo mwa ziwiri.

Nkhaniyi idayamba mu 1652, pamene Nikon adakhala Patriarch, kunena kwake mkulu wa mpingo wonse wa Orthodox ku Russia. Chaka chotsatira adayamba kusintha miyambo ndi kukonza mabuku a mapemphero kuti afanane ndi a Agiriki. Anthu a ku Russia ankalemba Isus, iye adalamula kuti azilemba Iisus. Aleluya ankanenedwa kawiri, tsopano azinenedwa katatu. Pozungulira tchalitchi ankatsata njira ya dzuwa, tsopano azilowera kotsutsana nalo. Ngakhale m'chikhulupiriro cha mpingo mawu ena adachotsedwa, ndipo chiganizo chonena kuti ufumu wa Khristu ulibe mathero chidasinthidwa kuti chizinena za m'tsogolo.

Pa za chilembocho, okonza mabuku sadalakwe. M'Chigiriki dzina la Yesu limayambadi ndi mavawelo awiri. Pamene adaphonya ndi pa mbiri. Iwo ankaganiza kuti paliponse pamene Chirasha chasiyana ndi Chigiriki, olakwa ndi okopera mabuku a ku Russia, chonsecho mabuku a Chigiriki amene ankadalira ambiri adali atsopano, osindikizidwa ku Venice. Patapita zaka zoposa 200, akatswiri monga Kapterev ndi Golubinsky adaonetsa kuti zala ziwirizo zidali mwambo wakale wa ku Byzantium komweko. Adausintha ndi Agiriki, pamene anthu a ku Russia adangousunga monga adaulandirira. Choncho anthu amene ankanyozedwa kuti ndi mbuli ndiwo adali atagwiritsa zakale.

Komabe munthu salolera kufa chifukwa cha vawelo lokha. Russia idalandira Chikhristu kuchokera ku Constantinople mu 988. Mu 1439 atsogoleri a Agiriki adavomera kugwirizana ndi Papa pa msonkhano wa ku Florence, ndipo mu 1453 mzinda wa Constantinople udagwa m'manja mwa Aturuki. Ku Moscow zinthu ziwirizi adaziwerenga ngati tchimo ndi chilango chake. M'zaka zoyambirira za m'ma 1500, mmonke wa ku Pskov dzina lake Filofei adalemba kuti Moscow ndiye Roma wachitatu, malo otsiriza kumene chikhulupiriro choona chatsala. Mu 1551 msonkhano wa mpingo ku Moscow udatsimikiza kuti zala ziwiri ndiyo njira yoyenera. Ndiye tangoganizani mmene wansembe wa kumudzi adamvera atauzidwa kuti makolo ake, ngakhalenso oyera mtima a dziko lake, akhala akupemphera molakwika, ndipo kuti owongola ndi Agiriki omwewo amene Mulungu adawalanda ufumu.

Mfumu Alexei idali ndi maso ake pena. Mu 1654, pa pangano la ku Pereyaslav, gawo lina la Ukraine lidalowa pansi pa ulamuliro wake, ndipo Akhristu a kumeneko ankatsata kale miyambo ya Chigiriki. Ophunzira a ku Kiev monga Epifany Slavinetsky adali atabwera kale ku Moscow kudzagwira ntchito ya mabuku. Mfumu yofuna kulamulira a Orthodox a mitundu yambiri sikadalola kuti Moscow azipemphera mwa yekha. Maloto a Roma wachitatu adabala ana awiri osamvana: wina ankati Russia ndi yopatulika choncho isasinthe, mnzake ankati Russia ndi mutu wa onse choncho ifanane ndi onse. Mfumu idasankha wachiwiriyu. Msonkhano wa 1666 mpaka 1667 udachotsa Nikon pampando chifukwa chodzikweza pamaso pa mfumu, koma zosintha zake udazivomereza, nutemberera onse okakamira miyambo yakale. Wopambana pamenepo adali boma. Peter Wamkulu adadzamaliza ntchitoyo mu 1721, pamene adathetsa udindo wa Patriarch nauika mpingo pansi pa komiti yoyang'aniridwa ndi boma, m'chaka chomwecho chimene dziko lidayamba kutchedwa ufumu waukulu wa Russia.

Okana aja, amene mbiri imawatcha Okhulupirira Zakale, adalipira kwambiri. Amonke a ku Solovki adazingidwa ndi asilikali kuyambira 1668 mpaka 1676. Feodosia Morozova, mayi wolemera wa m'banja lapamwamba, adafa ndi njala m'dzenje ku Borovsk mu 1675. Anthu zikwizikwi adadzitsekera m'nyumba zamatabwa nadzitentha okha pokhulupirira kuti Wokana Khristu wakhala pampando. Pa izi palibe chokometsera, pakuti m'motomo mudali ana, ndipo Avvakum mwini adavomereza mchitidwewo. Sadali munthu wofatsa ayi. Akadakhala kuti mphamvu zili m'manja mwake, adani ake sakadaona chifundo.

Nikolai Berdyaev, woganiza za chipembedzo amene boma la Soviet lidamuthamangitsa mu 1922, adaona kuti mgawanowu udabadwa m'chikaiko chakuti ufumu wa Moscow ndi ufumu woona wa Orthodox. Anthu atataya chikhulupiriro mwa mfumu, ufumu wopatulikawo adayamba kuufuna kobisika, m'nkhalango ndi m'nthano. Berdyaev adaonanso mzimu womwewo mwa ophunzira oukira boma a m'ma 1800, ngakhale ambiri a iwo sankakhulupirira Mulungu. Mwina pamenepa adakoka chingwe mopitirira, koma mfundo yake yoyamba njovuta kuikana.

Chodabwitsa kwa wokonda zinenero chili m'ndende ija. Mabuku a mpingo ankalembedwa m'Chisilavo cha tchalitchi, chinenero chaulemu chimene palibe ankachiyankhula pakhomo. Avvakum, woteteza chilembo chilichonse cha mabuku akalewo, polemba mbiri ya moyo wake adasakaniza Chisilavocho ndi Chirasha cha pamsika, cha zitonzo ndi nthabwala. Amasimba za ulendo wa pa madzi oundana ku Siberia, mkazi wake akugwa ndi kudzukanso, komanso za kankhuku kakuda kamene kankaikira mazira awiri patsiku nkudyetsa ana ake. Munthu wodana ndi zatsopanoyu ndiye adalemba limodzi mwa mabuku oyamba a Chirasha chamoyo, ndipo bukulo lidangoyenda m'manja mwa okopera mpaka lidasindikizidwa mu 1861.

Ufulu wopembedza adaupeza mu 1905, ndipo mpingo wa Moscow udachotsa matemberero aja mu 1971. Zidzukulu zawo zili ku Siberia, ku Romania, ku Brazil ndi ku Alaska, ndipo mpaka lero amalemba Isus.