Ng'oma ya Tchopa Imayendera Nyengo ya Munda

Ntchito yanga ndi yosema ng'oma za tchopa. Ndimakhala m'tsinde mwa phiri la Michesi, kufupi ndi Migowi, ndipo lusoli ndinaphunzira kwa amalume anga. Iwonso anatola kwa agogo awo, amene anabwera nalo kuchokera ku Mozambique, cha ku phiri la Namuli, nthawi imene Alhomwe ankalowa m'dziko muno mwaunyinji. Chimene amalume anandiuza ndisanagwire sompho ndi chakuti wosema ng'oma ayenera kukhala mlimi kaye, chifukwa amene sadziwa nyengo za munda sangadziwe nyengo za ng'oma.

Mtengo sitidula m'dzinja. Nthawi imeneyo umakhala wodzaza madzi, ndipo ukausema umang'aluka pouma. Timadikira chilimwe, zokolola zitalowa m'nkhokwe, masamba atayoyoka. Ndimafuna mtengo wopepuka, wopanda mfundo zambiri, monga mvunguti, ngakhale masiku ano timangodalira mango wokalamba amene wasiya kubereka. Ndikadula chipika, ndimayamba kusema kunja ndi sompho, kenako ndimaboola mkati ndi tchizulo yaitali. Apa ndiye pagona luso lonse. Khoma likachindikala, mawu amatsamwira mkati. Likapyapyala, ng'oma siiona masika awiri. Palibe chopimira china koma khutu: ndimagogoda ndi chala kuzungulira chipika chonse mpaka paliponse payankhe mofanana. Ndikatero ndimachigoneka pamthunzi kuti chiume pang'onopang'ono, popeza dzuwa la Okutobala la kuno silichita chisoni ndi mtengo wauwisi.

Chikopa cha ng'oma yaikulu chimakhala cha ng'ombe, cha zing'onozing'ono cha mbuzi. Kale chinkakhala cha insa kapena gwape, nyama zikadalipo m'phirimu. Ndimachiviika m'madzi usiku wonse, m'mawa n'kuchikunga chikadali chofewa. Ntchito imeneyi ndi ya anthu awiri, wina akukoka, wina akukhoma zikhomo za nsungwi moyang'anizana, kuti chikopa chisapendeke. Chikauma ndimapala ubweya, n'kumata phula pakati kuti mawu atsike ndi kulemera. Pa tsiku la gule oimba amawamba ng'omazo pamoto mpaka zitayera mawu.

Tchopa amafuna ng'oma zitatu zosiyana kukula, ndipo ndimazisema pamodzi kuti zimvane. Yaikulu imagwira phazi la ovina, yapakati imayankha, yaing'ono imathamangira pamwamba. Ovina amazungulira bwalo akupingasana, ena atabereka mitolo kumsana. Mukayang'anitsitsa m'mitolomo mupezamo makasu, zikopa za nyama, zida za ulenje, zidole ndi ziwiya zakale za kukhitchini. Munthu amavina atasenza zonse zimene zamudyetsa chaka chimenecho, kuti makolo amene anatsogola azione.

N'chifukwa chake ng'oma imeneyi siilira mwachisawawa. Chizimalupsa chikagwa, aliyense ali kumunda kuunga mizere. Mvula yodzalira ikabwera, pamatsatira kupalira ndi kubandira, kenako miyezi yowawa ya Januwale ndi Febuluwale, ufa utatha m'nyumba. Nthawi yonseyi ng'oma imakhala chete kudenga, pamene utsi umaiteteza ku anankafumbwe. Imatsika chimanga, mapira ndi nandolo zikalowa, kalongonda ali pamoto, mowa wa otheka wapsa. Akuluakulu amapita pansi pa mtengo wa mpoza kukathira nsembe ya ufa ndi mowa, kutchula mayina a makolo kuti akafikitse kuthokoza kwathu kwa Namalenga. Nthawi ina imene imatsika ndi ya mavuto, mvula ikadula mbewu zili m'mawondo kapena mliri ukalowa m'mudzi. Ng'oma ndi yomweyo, koma ya kuthokoza ndi ya kupepesa woimba saimenya ndi mtima umodzi, ndipo wobadwira kuno amasiyanitsa ali kutali. Ambirife lero timapemphera m'matchalitchi, inenso ndimapita, koma sindinaonepo choipa pa mudzi wosonkhana kuvomereza kuti chakudya sichichokera m'manja mwathu mokha.

Chondidetsa nkhawa n'chakuti nyengo zasokonekera. Ndinalipo mu Malichi 1991 pamene Napolo anatsika m'Michesi ndi miyala ndi matope, n'kukokolola anthu mazanamazana. Mu Malichi 2023 namondwe wa Freddy anatibwerezanso, minda n'kukwiririka ndi mchenga. Zaka zina mvula imachedwa mpaka nyanja ya Chilwa kuuma, monga zinachitikira mu 1995 ndi 2018. Ine amene ndimayenda m'phiri kufunafuna mtengo ndimaona ndi maso anga mmene makala alimetera. Mtengo umene ndikuusowa kuti ndiseme ng'oma ndi womwewo umene ukanagwira dothi kuti lisatsikire m'midzi.

Ndinakondwa mu 2014 pamene bungwe la UNESCO linalemba tchopa m'kaundula wa chuma cha chikhalidwe cha anthu a dziko lonse. Ndimakondwanso mwezi wa Okutobala anthu akamakhamukira kwa Chonde ku Mulanje, ku mwambo wa Mulhako wa Alhomwe, chifukwa ana athu aleka kuchita manyazi ndi gule wa kwawo. Koma kutchukako kwabweretsa ogula ofuna ng'oma ya sabata imodzi, yokhoma ndi misomali, yopaka vanishi. Oterowo ndimawabweza mwaulemu. Ndimawauza kuti, “Bambo, mtengo sunaume, mubwere ukakhwima mwezi wa mawa.”

Anyamata amene amabwera kudzaphunzira ndimawapatsa malamulo awiri. Loyamba, akhale ndi munda wawo, aulime okha, adziwe kuwawa kodikira mvula. Lachiwiri, asanadule mtengo umodzi adzale ingapo m'mbali mwa mtsinje ndi kuisamalira mpaka itagwira. Akakwanitsa zimenezi ndimawapatsa sompho, chifukwa ndimadziwa kuti ng'oma imene adzaseme idzakhala ndi zokolola zoti izilirire.