Chitoliro cha Gabriel Pakhomo pa Malume

Kwathu ku Lirangwe nyimbo za m'mafilimu timazimvera m'nyumba za vidiyo pamsika, momwe sipika imalira ngati chitini. Ine ndinakula ndikuganiza kuti ntchito ya nyimbozo ndi kutichenjeza kuti wina afa posachedwa.

Patchuthi chapitachi ndinakacheza kwa malume ku Chileka. Iwo ali ndi wailesi ya CD imene anabwera nayo kuchokera ku Johannesburg. Madzulo ena anaika nyimbo za filimu ya The Mission, ya m'chaka cha 1986, zimene anapeka Ennio Morricone wa ku Italy, yemwe anamwalira mu 2020. Filimuyi imakamba za ansembe a chipani cha Jesuit pakati pa anthu a mtundu wa Guarani ku South America. Pena pake Bambo Gabriel amakhala m'nkhalango nkumaliza chitoliro chotchedwa oboe, ndipo amuna onyamula mauta amasendera kudzamvetsera.

Ine ndinati, "Malume, nyimbo imeneyi ndili nayo kale pa memori khadi."

Iwo anaseka. "Mphwanga, uli ndi chithunzithunzi chake chabe. Khala pansi."

Tinadikira kuti ndege idutse, kenaka anayambitsanso. Abale, ndinachita manyazi. Pansi pa chitoliro chija panali mavayolini akuyenda pang'onopang'ono, ndipo mawu akatha ankazirala mwapang'ono, osati kuduka. Zonsezi ndinali ndisanazimvepo. Malume anandifotokozera kuti MP3 imataya mawu ena kuti nyimbo ichepe. CD imatulutsa makilobiti 1,411 pa sekondi, pamene MP3 wamba imatulutsa 128 basi. Mtundu wina wotchedwa FLAC umachepetsa nyimbo koma osataya kanthu.

Chimene chinandikhudza ndi ichi. Makutu a malume ayamba kufooka ndi ukalamba, ndipo mawu ang'onoang'ono okwera sawamvanso bwino. Nyimbo ili mkati anandigwira dzanja nati, "Tandiuza, pamenepa chikulira n'chiyani?" Ndinayamba kuwatchulira chimodzichimodzi. Iwo ankangogwedeza mutu, maso ali chitsekere, chifukwa ankazikumbukira. Ndinazindikira kuti munthu amene anasunga CD ija zaka zonsezi sangathenso kuimva yonse, pamene ine wa makutu abwino ndinkakhutira ndi zotsalira.

Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha. Chibwerere kuno ku seminale, nthawi ya chete sindiiona ngati chilango. Pa kwaya ndaleka kufuula. Ndimayamba ndamvetsera anzanga a besi ndi tenala, ndipo ndapeza kuti ena amaimba bwino kuposa ine.

Anzanga, si tonse tingapeze CD kapena FLAC, ndipo nanenso memori khadi yanga sindinaitaye. Koma makutu tili nawo, ndipo sadzakhala akuthwa mpaka kalekale. Pa Khrisimasi ndidzapitanso ku Chileka. Malume anati ndidzawamverere nyimbo zotsalazo.